Samson Kambalu: Mwana wa ku Chipatala Amene Anaimika Chilembwe Pakati pa London

Pa 28 Seputembala 2022, pabwalo lotchuka la Trafalgar Square mumzinda wa London anavundukulapo chiboliboli cha munthu amene ife tonse timamudziwa. Nkhope yake timaigwira tsiku ndi tsiku pa K500 ndi pa K2000, polipira minibasi yochoka ku Kanjedza kupita ku Limbe kapena pogula matemba pamsika. Munthuyo ndi m'busa John Chilembwe wa ku Chiradzulu. Anamuimika pamwamba pa nsanja yamiyala, wamtali pafupifupi mamita 5, atavala suti, manja ali kumbuyo, chipewa chili kumutu.

Amene anakonza chibolibolicho ndi Mmalawi mnzathu, a Samson Kambalu. Kunja dzina lawo ndi lalikulu, koma kuno kwathu ambiri talimva mochedwa, ndipo ena mpaka pano sitinalimve. Iwowa amajambula zithunzi, amakonza ziboliboli, amalemba mabuku, amapanga makanema, komanso amaphunzitsa zaluso ku yunivesite ya Oxford ku Mangalande. Si zonse zimene anapanga zomwe ife m'mabanja mwathu tingaziombere m'manja, ndipo tizinena mosabisa. Koma moyo wawo uli ndi zambiri zotikhudza monga makolo, makamaka ife amene tili ndi mwana wokonda kulembalemba zithunzi kuseri kwa kope la masamu.

Kukulira m'nyumba za chipatala

A Kambalu anabadwa m'chaka cha 1975, m'banja la ana ambiri, nthawi ya ulamuliro wa Dr Kamuzu Banda. Bambo awo ankagwira ntchito m'zipatala za boma. Aliyense amene anakulira m'banja la wogwira ntchito m'boma akudziwa mmene zinkakhalira: kalata ya transifa ikangobwera, mumamanga katundu, kukweza pa lole, n'kukayambanso moyo kuboma lina. Ana amasintha sukulu, amasintha anzawo, nthawi zina amasintha ndi chilankhulo chosewerera. Banja la a Kambalu linayenda choncho m'maboma angapo. Paja amati mwana wa ng'ona sakulira dziwe limodzi.

Bambowa ankafuna kudzakhala dokotala koma sizinatheke. Chimene sanasiye ndi kuwerenga. Anali ndi shelefu ya mabuku imene pakhomopo anaipatsa dzina lakuti Diptych, ndipo inkasamuka nawo kulikonse kumene ankapita. Munali mabuku a sayansi, a nzeru za anthu oganiza mozama, ndi nthano zotchuka za m'Chingerezi. Analinso munthu wokonda kuvala bwino ndi kuyankhula, moti ana awo anawatcha dzina lakuti Jive Talker chifukwa cha nkhani zawo zosatha.

Pakhomopo ndalama sizinali zambiri, monga zilili ndi malipiro a boma. Koma mwana wa m'nyumba imeneyi anakula akuona bambo ake atagwira buku, ndipo iyenso anayamba kulitola. M'mera mpoyamba. Makolofe timadandaula kuti ana a masiku ano sawerenga, koma tidzifunse kuti anationa liti ifeyo tikuwerenga china chake chosakhala mauthenga a pa WhatsApp.

Imfa imene anailemba poyera

Bambo a Kambalu anamwalira m'chaka cha 1995 ndi matenda a Edzi. Izi sitikuzinena monong'ona, chifukwa mwini wake anazilemba yekha m'buku lofotokoza moyo wake lotchedwa The Jive Talker, limene linatuluka m'chaka cha 2008 ku London.

Amene tinalipo zaka zimenezo tikukumbukira. Kachilombo ka HIV kanapezeka koyamba m'dziko muno mu 1985, ndipo pofika pakati pa zaka za m'ma 1990 maliro ankachita kutsatizana. Mankhwala otalikitsa moyo a ma ARV anayamba kuperekedwa kwaulere m'zipatala za boma mu 2004. Amene anadwala chisanafike chaka chimenecho, ngakhale ogwira ntchito m'chipatala momwemo, analibe pothawira. Pamaliro pankangomveka mawu akuti "anadwala nthawi yaitali", ndipo ana ambiri anakula osadziwa chimene chinatenga makolo awo.

A Kambalu anasankha njira ina. Anawalemba bambo awo monga analili: anzeru, oseketsa, olota zazikulu, komanso okhala ndi zofooka zawo. Anatchula dzina la matendawo, ndipo kutchulako sikunawachotsere ulemu bambowo. Amene amawerenga bukuli amatsala akuwakumbukira chifukwa cha mabuku ndi nthabwala zawo. Ife amene timayendera odwala m'makomo timakumanabe ndi mabanja amene amabisa botolo la mankhwala pansi pa matiresi kuopa ana, ndi achinyamata amene amasiya kumwa mankhwala chifukwa palibe anawafotokozera bwino chifukwa chimene amamwera. Kubisa kumeneku kumavulaza. Banja limene limakambirana zoona, molingana ndi msinkhu wa mwana, limasamalirana bwino kuposa limene aliyense amangoganizira mnzake.

Kuchoka ku Mtunthama kupita ku Zomba

Ali mnyamata, a Kambalu anasankhidwa kupita ku Kamuzu Academy, sukulu imene Dr Banda anatsegula mu 1981 ku Mtunthama m'boma la Kasungu. Nthawi imeneyo sukuluyi inkatenga ana okhoza bwino kwambiri m'boma lililonse n'kuwaphunzitsa kwaulere, ndipo aliyense ankayenera kuphunzira Chilatini ndi Chigiriki. Mwana akalowa kumeneko, abale ankayembekezera kuti adzatuluka dokotala, loya kapena injiniya. A Kambalu anatuluka ndi mtima wa zaluso. Anapita ku Chancellor College ku Zomba kukaphunzira zojambulajambula ndi maphunziro a nyimbo za makolo, ndipo anamaliza mu 1999.

Ntchito imene inayamba kuwatchukitsa ndi yomwe ifeyo imativuta kwambiri. M'chaka cha 2000 anatenga mpira wamiyendo n'kuumata ndi masamba a Baibulo, nautcha Holy Ball, ndipo ankaitana anthu obwera kudzaona kuti auponde. Iwo cholinga chawo chinali kudzutsa mafunso okhudza chipembedzo ndi ufulu wa munthu. Ife amene timatsegula Buku Lopatulika m'mawa ndi madzulo m'nyumba zathu sitingagwirizane nazo, ndipo palibe chifukwa chonamizira. Mawu a Mulungu si chinthu choponda ndi phazi.

Komabe pali chimene tingatolepo. Mnyamata amene anachita zimenezi anakulira m'dziko lodzaza ndi matchalitchi, ndipo anali ndi mafunso. Achinyamata athu nawonso ali nawo. Akafunsa kunyumba n'kulandira chikalipo m'malo mwa yankho, mafunsowo satha, amangosamukira kwina. Kuli bwino mwana afunsire pamkeka wa pakhomo, pamene pali munthu womukonda woti amuyankhe modekha.

Atachoka kuno anakapitiriza maphunziro ku Nottingham Trent University, kenako anakatenga digiri ya udokotala wa zaluso ku Chelsea College of Arts ku London. Lero ndi mphunzitsi pa Ruskin School of Art ndiponso membala wa Magdalen College, zonsezi za yunivesite ya Oxford.

Kanema wosapitirira mphindi imodzi

Akunja ambiri amawadziwa a Kambalu chifukwa cha makanema awo afupiafupi. Gwero lake ndi kanema amene ankaonera ali mwana kuno kwathu. Achikulire akukumbukira mmene zinkakhalira: filimu yakale yokandikakandika, yoduka pakati, woonetsa n'kuilumikiza mmene wathera, nthawi zina kudumpha zokambirana zonse kuti afike msanga pa ndewu kapena pothamangitsana. Oonera nawo sankakhala chete. Ankakuwa, kuseka, kuchenjeza munthu wa m'filimu kuti mdani ali kumbuyo. Ana a ku Ndirande, ku Bangwe ndi kuno ku Kanjedza anadzazipezanso zimenezi m'tinyumba ta vidiyo.

Ena akanati kumeneko kunali kuonera kwa amphawi. A Kambalu anaonamo luso, ndipo anadziikira malamulo awoawo. Kanema asapitirire mphindi imodzi. Ajambulidwe pamalo pamene munthu wapezeka, kaya ndi pamsewu, pamlatho kapena m'paki, popanda kukonzekera kwambiri. Zovala zikhale za masiku onse. Mawu akhale ochepa kapena asakhalepo n'komwe, ndipo chithunzi chioneke ngati cha makanema oyambirira aja. Kawirikawiri wosewera amakhala iwo eni, atavala chipewa, akuchita kanthu kakang'ono kodabwitsa. Kanemayo amazungulira kubwereza, ndipo nthawi zina amayendetsedwa chobwerera m'mbuyo kuti zosatheka zioneke ngati zatheka.

Makanemawa anawatcha Nyau Cinema, potengera gule wamkulu wa Achewa. Apanso ambiri a ife tiima kaye, chifukwa gule sitipita ndipo zikhulupiriro zake si zathu. Chimene iwo amati anatengako ndi mchitidwe wotulukira mwadzidzidzi pabwalo, kusewera kwa kanthawi, n'kuzimiririka, komanso mtima wopereka chinthu kwa anthu popanda kuwalipiritsa. Nkhani ya kupatsa imabwerabwera m'zolemba ndi m'zoyankhula zawo.

Mu 2015 anaitanidwa ku chionetsero chachikulu cha zaluso cha Venice Biennale ku Italy, chimene chaka chimenecho anachiyendetsa ndi Okwui Enwezor wa ku Nigeria. Kumeneko anakumananso ndi mlandu. Mlembi wina wa ku Italy, Gianfranco Sanguinetti, anawasumira chifukwa choonetsa zithunzi za makalata ndi zolemba zake zimene anagulitsa ku yunivesite ya Yale ku America. Khoti la ku Venice linagamula mokomera a Kambalu.

Chithunzi chimodzi cha 1914

Chiboliboli cha ku London chinachokera pa chithunzi chakale chimene chinajambulidwa mu 1914, potsegulira tchalitchi chatsopano cha njerwa cha Providence Industrial Mission ku Mbombwe m'boma la Chiradzulu. Pachithunzipo pali a Chilembwe ataima ndi mnzawo wachizungu, mmishonale John Chorley. Onse awiri avala zipewa.

Kwa mwana wa lero palibe chodabwitsa pamenepo. Koma nthawi ya atsamunda munthu wakuda ankayenera kuvula chipewa akakumana ndi mzungu, ngakhale mzunguyo atakhala wamng'ono kwa iye, ndipo wochedwa kuvula ankakalipiridwa kapena kumenyedwa. Dandaulo la chipewa linamveka ngakhale pamaso pa komiti imene boma linakhazikitsa kuti ifufuze chimene chinayambitsa kuukira kwa 1915. Choncho kuima pafupi ndi mzungu chipewa chili kumutu, n'kulola kuti akujambule, kunali kunena kuti tonse ndife anthu.

Zimene zinatsatira timaziphunzira kusukulu. Anthu ankazunzika ndi thangata m'minda ya azungu, makamaka ya A. L. Bruce ku Magomero, kumene matchalitchi ndi sukulu za a Chilembwe zinkawotchedwa. Nkhondo yoyamba ya dziko lonse itayamba mu 1914, a Chilembwe analemba kalata ku nyuzipepala ya Nyasaland Times kudandaula kuti anthu akuda akukafa pa nkhondo yosawakhudza. Usiku wa pa 23 Januwale 1915 otsatira awo anaukira. Anapha azungu atatu, mmodzi mwa iwo William Jervis Livingstone, kapitawo wamkulu wa ku Magomero, ndipo gulu lina linabwera ku Blantyre kuno kudzafuna mfuti ku Mandala. Kuukirako kunalephera m'masiku ochepa. A Chilembwe anawomberedwa pa 3 Febuluwale 1915 akuthawira cha ku malire a Mozambique, otsatira awo ambiri anaphedwa, ndipo tchalitchi chija boma linachigwetsa. Mwazi unakhetsedwa mbali zonse ziwiri, ndipo pofotokozera ana tisadumphe mbali imeneyi.

A Kambalu sanasankhe kuonetsa usiku wa nkhondowo. Anasankha tsiku lotsegulira tchalitchi, anthu awiri ali pa ubwenzi. Chimene anasintha ndi msinkhu wokha: Chorley anamusiya wofanana ndi munthu wamba, koma a Chilembwe anawakulitsa mpaka kumuposa kutalitali. M'mabuku a atsamunda mzungu ndiye ankakhala wamkulu, wakuda n'kungotchulidwa pang'ono kapena osatchulidwa n'komwe. Apa zinatembenuka, ndipo aliyense wodutsa ankayamba wafunsa kuti wamtaliyo ndani.

Malo akenso ali ndi nkhani. Pabwalo la Trafalgar pali nsanja zinayi. Zitatu zili ndi ziboliboli za mfumu George IV ndi akuluakulu awiri a asilikali amene anamenya nkhondo za Britain ku India, Charles Napier ndi Henry Havelock. Yachinayi inamangidwa mu 1841 koma inakhala yopanda kanthu zaka zoposa 150 chifukwa ndalama zinatha. Kuyambira mu 1999 pamaikidwa ntchito za aluso mosinthanasinthana. Ya a Kambalu, imene anaitcha Antelope, dzina la nyama za mtundu wa mbawala, inasankhidwa mu 2021 ndipo inakhalapo mpaka 2024. Kwa zaka ziwiri, m'busa amene boma la Britain linamupha ngati chigawenga anaima pakati pa likulu lawo, moyandikana ndi akazembe awo, osavula chipewa.

Ulusi wofika ku Malamulo

Nkhani ya a Chilembwe imakhudzanso mbiri ya mpingo wathu. Munthu amene anawaphunzitsa ndi kuwabatiza anali Joseph Booth, mmishonale amene anafika kuno mu 1892 n'kuyambitsa Zambezi Industrial Mission ku Mitsidi, pafupi ndi Blantyre. Ndi Booth amene anapita nawo ku America mu 1897, kumene anakaphunzira zaubusa ku Lynchburg m'chigawo cha Virginia, asanabwerere mu 1900 kudzayambitsa mishoni ya ku Mbombwe.

Booth yemweyo anatsegula mishoni ya Plainfield ku Thyolo mothandizidwa ndi a Seventh Day Baptist. Mu 1902 malowo anagulidwa ndi mpingo wa Seventh-day Adventist, ndipo amene anabwera kudzayendetsa ntchitoyo anali Thomas Branch, munthu wakuda wa ku America, pamodzi ndi banja lake. Mu 1907 dzina linasinthidwa kukhala Malamulo. Choncho chipatala ndi sukulu zimene timanyadira ku Makwasa zinaphuka m'nthawi yomweyo, pakati pa anthu odziwana, pamene funso la ulemu wa munthu wakuda linali pakamwa pa aliyense. Ndi angati mwa ana athu a Pathfinder amene angafotokoze zimenezi?

Zimene zatsalira ife

Tikaganizira bwino, ntchito yaikulu ya a Kambalu inatheka chifukwa munthu wina mu 1914 anajambula chithunzi, ndipo anthu ena anachisunga zaka zoposa 100. Tchalitchi chinagwetsedwa, mwini wake anaphedwa, manda ake sadziwika, koma chithunzi chinatsala. Ife zithunzi zathu zili kuti? Zambiri zili m'masutikesi pansi pa bedi, zikudyedwa ndi chinyezi ndi chiswe, ndipo amene angatchule mayina a anthu ali pamenepo akutha mmodzimmodzi.

Pafupifupi nyumba iliyonse muno mu Kanjedza ili ndi foni yojambula. Zimene kale zinkafuna galimoto yodzaza ndi zipangizo lero zili m'thumba la mwana wa Fomu 2. Tsiku lina Lamlungu masana, mupatseni foniyo akhale pansi ndi agogo ake. Awafunse kumene anabadwira, mmene anafikira m'tauni, ntchito imene ankagwira, zimene ankadya m'chaka cha njala ya 1949 ngati analipo, nyimbo zimene ankaimba ku misonkhano ya misasa. Awafunsenso za matenda amene anavutitsa abale, chifukwa kudziwa kuti m'banja muli shuga kapena kuthamanga kwa magazi kumathandiza adzukulu kuyezetsa msanga. Ajambule pamalo owala, opanda phokoso la wailesi, foni itatsamira pa chinthu kuti isagwedezeke. Zikatha, zisungidwe m'malo awiri, chifukwa foni imabedwa ndipo imawonongeka. Zithunzi zakale zapepala zilembedwe kumbuyo ndi pensulo: mayina, malo ndi chaka. Mawu a akuluakulu akoma akagonera, koma amagonera pokhapokha wina atawasunga.

Tipitenso nawo ana kukaona zinthu ndi maso. Nyumba yosungiramo zinthu zakale ya ku Chichiri ili pafupi, ena a ife tikhoza kuyenda wapansi. Nyumba ya Mandala, imodzi mwa nyumba zakale kwambiri m'dziko muno, ili m'tauni momwemu. Ku Mbombwe, kumene mwambo wa tsiku la Chilembwe umachitikira pa 15 Januwale chaka chilichonse, si kutali ndi Limbe. N'zomvetsa chisoni kuti mlendo wa ku London anaima n'kuwerenga za Chiradzulu pamene mwana wa ku Kanjedza, amene amaliona phirilo ndi maso, sanapondeko.

Ndipo mwana wokonda kujambula uja tisamuthamangitse ngati wotaya nthawi. N'zoona kuti si aliyense adzafike ku Oxford, ndipo kudya ndi luso lokha m'dziko muno n'kovuta. Sukulu aimalize, masamu awakhoze. Koma zikwangwani za m'misewu, mabuku a ana a sukulu, zithunzi zophunzitsa kusamba m'manja kuchipatala ndi makanema a pa TV zonsezi amapanga ndi anthu amene anayamba ndi kulembalemba kuseri kwa kope. Mugulireni mapensulo ndi mapepala. Muzimufunsa kuti wajambula chiyani ndipo chifukwa chiyani. Pamene mwaona kuti wapatuka, mulangizeni monga kholo, mukudziwa chimene akuchita. Mwana amene luso lake lalandiridwa pakhomo amabwera kudzakuonetsani ntchito yake isanapite kwa anthu, ndipo pamenepo mawu anu amakhala ndi malo.

Bambo a Kambalu sanasiye nyumba zalendi kapena minda ikuluikulu. Anasiya shelefu ya mabuku ndi chizolowezi chocheza ndi ana awo nkhani zazikulu. Anamwalira mwana wawo ali ndi zaka pafupifupi 20, asanaone chilichonse mwa zimene tafotokozazi. Zimene ife tikuika m'nyumba zathu lero, kaya ndi buku, kaya ndi nthawi yocheza pambuyo pa chakudya chamadzulo, mwina nafenso sitidzaona kumene zidzafike. Tiziikebe.